Sitiraka ya ku Homestead ya 1892: chinagwetsa bungwe la ogwira ntchito n'chiyani?

A Phiri:
Abale ndi alongo pagulu pano, ndikufuna tikambirane za sitiraka ya ku Homestead, yomwe inachitika mu 1892 m'chigawo cha Pennsylvania ku America, chifukwa ikuonetsa poyera mmene bungwe lamphamvu la anthu ogwira ntchito lingagwere m'miyezi isanu yokha. Homestead ndi tauni ya m'mphepete mwa mtsinje wa Monongahela, kufupi ndi mzinda wa Pittsburgh, ndipo pamenepo panali fakitale yaikulu ya Andrew Carnegie yomwe inkapanga zitsulo zomangira milatho ndi nyumba zosanja, komanso zitsulo zochindikala zokutira sitima zankhondo za boma. Anthu pafupifupi 3,800 ndiwo ankagwira ntchito pafakitaleyi. Mwa iwo, amisiri pafupifupi 800 anali mamembala a bungwe la Amalgamated Association of Iron and Steel Workers, lomwe linakhazikitsidwa mu 1876 ndipo pofika 1891 linali ndi mamembala oposa 24,000 m'dziko lonselo.

Bungweli linali ndi mawu pafakitale. Mu 1889 linanyanyala ntchito n'kupambana, ndipo kampani inasaina mgwirizano wa zaka zitatu womwe unkakhudza malipiro komanso kagwiridwe ka ntchito m'madipatimenti osiyanasiyana. Mgwirizanowu unkatha pa 30 June 1892. Pofika November chaka chomwecho bungwe linali litatheratu pa Homestead, ndipo panapita zaka zoposa 40 anthu a pafakitaleyi asanakhalenso ndi bungwe lowaimira.

Ambiri akamafotokoza nkhaniyi amaima pa tsiku limodzi, la 6 July, pomwe kunalira mfuti m'mphepete mwa mtsinje. Funso langa ndi ili: kodi bungwe linagwa chifukwa cha mfuti za tsikulo, kapena linali litaweruzidwa kale mfuti zisanalire?

Mayi Nachisale:
Zikomo a Phiri poyambitsa nkhaniyi. Ndikupempha kuti tisathamangire kumtsinje tisanaone zomwe zinali pa tebulo la zokambirana, chifukwa yankho la funso lanu lili pomwepo.

Malipiro a amisiri ankakwera kapena kutsika motsatira mtengo wa chitsulo pamsika, koma panali malire apansi: ngakhale mtengo utagwa bwanji, malipiro ankawerengedwa ngati kuti tani imodzi ikugulidwa madola 25. Henry Clay Frick, yemwe Carnegie anamusiyira kampani kuti aziyendetsa, anafuna kuti malirewo atsike kufika pa madola 22. Bungwe linavomera kutsika mpaka 24, Frick anakwera mpaka 23, ndipo zokambirana zinathera pamenepo. Kusiyana kunali dola imodzi, ndipo kudula malipiroko kunkakhudza anthu ongopitirira pang'ono 300. Kampani ya msinkhu umenewu siingatseke fakitale yonse chifukwa cha dola imodzi.

Mfundo ina yomwe anthu amaidumpha ndi ya tsiku. Frick anafuna kuti mgwirizano watsopano uzitha pa 31 December m'malo mwa 30 June. Aliyense amene anakhalapo pa zokambirana za malipiro amadziwa kulemera kwa zimenezi. Ku Pennsylvania December ndi nthawi ya chisanu choopsa, pomwe banja limafunika malasha otenthetsera nyumba ndi zovala zokhuthala, ndipo ntchito zomanga zimachepa kotero kuti kampani siifuna chitsulo mwachangu. Munthu sanyanyala ntchito ana ake akunjenjemera m'nyumba. Ndiye kusuntha tsikulo kunali kulanda bungwe chida chake chokhacho.

Onjezani apo kuti zokambirana zili mkati, Frick anali atayamba kale kumanga mpanda wa matabwa wotalika pafupifupi mamailosi atatu kuzungulira fakitale, pamwamba pake ataikapo waya waminga. Anthu a m'tauni anautcha Fort Frick. Analembera kampani ya Pinkerton, yobwereketsa alonda a mfuti, kupempha alonda 300 mgwirizano wakale usanathe n'komwe. Munthu wofuna kumvana sachita zimenezi. Kwa ine, mlandu unali utagamulidwa kale.

A Mbewe:
Ndikugwirizana ndi mayi Nachisale pa za kukonzekera kwa Frick, koma tsiku la 6 July tisalichepetse. Ndiloleni ndilifotokoze mwatsatanetsatane kuti amene sakuidziwa nkhaniyi atitsate.

Choyamba, kampani ndiyo inayamba kutsekera anthu kunja kumapeto kwa June. Zitatero, ogwira ntchito ena onse, kuphatikizapo alebala omwe sanali mamembala a bungwe, anagwirizana pamsonkhano waukulu kuti aima pamodzi ndi amisiri. Anakhazikitsa komiti yotsogoleredwa ndi Hugh O'Donnell, ndipo mkulu wa tauni, John McLuckie, yemwe nayenso ankagwira ntchito pafakitalepo, anali mbali yawo. Anaika alonda m'misewu, pasiteshoni ya sitima ndi pamtsinje usana ndi usiku, kuti pasalowe anthu odzagwira ntchito m'malo mwawo. Mkulu wachitetezo wa boma la Allegheny, William McCleary, atatumiza anthu ake ochepa pa 5 July, ogwira ntchitowo anawaperekeza mwaulemu kubwerera ku Pittsburgh.

Usiku womwewo alonda a Pinkerton 300 anakwezedwa m'mabwato awiri akuluakulu onyamulira katundu, opanda injini, omwe ankakokedwa ndi boti lina lotchedwa Little Bill. Ambiri mwa iwo sanali akatswiri a nkhondo ayi, anali anthu osowa ntchito omwe anauzidwa kuti akukalondera katundu wa kampani. M'mabwatomo munali mabokosi a mfuti za Winchester. Cholinga chinali choti afike kusanache, atsikire padoko la fakitale kuseri kwa mpanda, anthu akadzuka apeze fakitale ili m'manja mwa alonda. Koma munthu wina anawaona akudutsa pa mlatho ku Pittsburgh n'kutumiza uthenga. Wezulo analira mu Homestead m'bandakucha, ndipo amuna, akazi ndi ana anathamangira kumtsinje, nagwetsa mbali ina ya mpanda kuti afike padoko.

Thabwa lotsikira litaponyedwa kumtunda, khamu linafuula kuti abwerere. Mtsogoleri wa alondawo, Frederick Heinde, anayamba kutsika, ndipo William Foy, mmodzi mwa ogwira ntchito, anamutchingira njira. Mfuti inalira, onse awiri anavulala, ndipo mpaka lero mbali iliyonse imaloza inzake kuti ndiyo inayamba. Little Bill inanyamula ovulala n'kuchoka, kusiya mabwato awiri aja ali chiimire, anthu atapanikizana mkati dzuwa la July likuswa mtengo. Akumtunda anabisala kuseri kwa milu ya zitsulo n'kumaombera. Anabweretsa mizinga yakale, ndipo chipolopolo cha mzinga woombedwa kuchokera tsidya lina chinapha mnzawo yemwe, Silas Wain. Anaponya mabomba ophwanyira miyala padenga la mabwato, anathira mafuta pamtsinje kuti ayatse moto, anatsetsereza ngolo yanjanji yoyaka moto kulunjika padoko, koma zonsezi sizinakwaniritse zomwe ankafuna.

Cha m'ma 5 koloko madzulo alondawo anakweza nsalu yoyera, ndipo O'Donnell anawalonjeza kuti atuluka bwinobwino. Anthu asanu ndi awiri a mbali ya ogwira ntchito ndi atatu a Pinkerton ndiwo kawirikawiri amawerengedwa kuti anafa chifukwa cha nkhondo ya tsikuli. Mabwato aja anatenthedwa.

A Banda:
A Mbewe, mwafotokoza bwino, koma mwaima pomwe nkhani yanga ikuyambira. Lonjezo la O'Donnell silinasungidwe. Alonda aja atapereka mfuti zawo anadutsitsidwa pakati pa khamu la anthu okwiya, ndipo anamenyedwa ndi zibonga, miyala ndi maambulera mtunda wonse mpaka kukafika kuholo komwe anawatsekera. Ambiri anavulala kwambiri. Atolankhani ochokera m'mizinda ikuluikulu analipo, ndipo anaona ndi maso awo anthu omwe agonja kale akukhetsedwa magazi.

M'mawa wa tsikulo anthu ambiri m'dzikomo ankamvera chisoni ogwira ntchito, chifukwa dzina la Pinkerton linali lodedwa kale. Madzulo ake nkhani inali itasintha. Ine ndimakhulupirira kuti sitiraka imapambana ndi chifundo cha anthu omwe sali nawo pa mkanganowo, ndipo chifundocho chinayamba kutayika pamsewu umenewo.

Kenako pa 23 July kunabwera Alexander Berkman, mnyamata wa chikhulupiriro chokana maboma onse, yemwe analowa mu ofesi ya Frick ku Pittsburgh, namuombera pakhosi n'kumubaya ndi mpeni. Frick sanafe. Ndikudziwa kuti Berkman sanali wa bungwe ndipo komiti ya sitiraka inadzudzula zomwe anachita, koma munthu amene dzulo lake ankaoneka ngati wankhanza anasanduka ngwazi yovulala m'manyuzipepala. Berkman anagamulidwa zaka 22 ndipo anakhala m'ndende zaka 14. Anthu a ku Homestead analipira mlandu womwe sanapalamule. Ndiye ine yankho langa kwa a Phiri n'lakuti chiwawa ndicho chinapereka fakitale kwa Frick.

Mayi Nachisale:
A Banda, kumenya anthu omwe agonja n'kulakwa, ndipo palibe mawu oti ndiikire kumbuyo mchitidwe umenewo. Koma ndikufunseni: amene anabweretsa mfuti 300 m'tauni usiku ndani? Kuyambira pomwe fakitale inatsekedwa mpaka pa 5 July panalibe munthu anaphedwa, ndipo komiti inkaletsa ngakhale kumwa mowa mwauchidakwa pofuna kusunga bata. Frick ankadziwa bwino chomwe chingachitike, chifukwa chaka chapitacho, mu 1891, anthu onyanyala ntchito anaomberedwa n'kufa ku Morewood, pamalo ake ootchera malasha. Sanali mlendo pa zamagazi.

Ndipo tiyeni tione chomwe chinatsegula fakitale. Sanali manyuzipepala. Bwanamkubwa wa Pennsylvania, Robert Pattison, anatumiza asilikali pafupifupi 8,500 omwe anafika pa 12 July motsogoleredwa ndi George Snowden. Anthu a m'tauni anakonza zowalandira ndi bandi, poganiza kuti asilikali a boma sakhala mbali ya wina aliyense. Snowden anakana kulandiridwa, nauza atsogoleri kuti iye sakulidziwa bungwe lawo. Asilikali anazinga fakitale, ndipo m'masiku ochepa utsi unayambanso kutuluka m'ng'anjo, anthu atsopano akugona ndi kudya mkati mwa mpanda. Asilikaliwo anakhala mpaka October.

Mukafuna kudziwa mtima wa atsogoleri a asilikaliwo, kumbukirani za msilikali wamba W. L. Iams, yemwe atamva kuti Frick waomberedwa anafuula mawu oyamikira woomberayo. Anamupachika ndi zala zazikulu za m'manja mpaka kukomoka, anamumeta mbali imodzi ya mutu n'kumuthamangitsa mumsasa. Boma linali litasankha mbali.

A Banda:
Mayi, asilikaliwo anabwera chifukwa chiyani? Pattison anakana kuwatumiza masiku oyamba. Pakanapanda mitembo pamtsinje, sakanakhala ndi poyambira. Apa mpamene ndikunena kuti ogwira ntchito anagwera mumsampha womwe Frick anawatchera.

A Phiri:
Nonse awiri mukugwirizana pa chinthu chimodzi mosazindikira, chomwe ndi chakuti msamphawo unalipo. A Banda akuti sakanayenera kuupondamo, mayi Nachisale akuti panalibe njira ina yodutsa. Ine ndili kufupi ndi mayi Nachisale, chifukwa ndikadzifunsa kuti akanawalola alondawo kutsika mwamtendere chikanachitika n'chiyani, yankho lake n'lakuti fakitale ikanatsegulidwa pa 6 July m'malo mwa pakati pa mwezi. Lamulo la nthawi imeneyo silinkakakamiza bwana aliyense kukambirana ndi bungwe, ndipo silinkamuletsa kuchotsa munthu ntchito chifukwa cha umembala. Njira yokhayo yomwe anthuwa anali nayo inali kutchinga chipata ndi matupi awo, ndipo lamulo lomwelo linkati kutchinga chipata ndi mlandu.

Ndionjezepo za makhoti, chifukwa kumeneko n'komwe thumba la bungwe linabookera. Maloya a kampani anasumira anthu ambiri milandu ya kupha, kuchita zipolowe ndi kupangana chiwembu. Kenako mkulu wa majaji a Pennsylvania, Edward Paxson, analowererapo yekha ndipo atsogoleri oposa 30 a komiti anatsegulidwa mlandu woukira boma la chigawocho. Anthu wamba omwe anasankhidwa kumva milandu yakupha anakana kupeza olakwa, ndipo mlandu woukira boma sunaphule kanthu. Koma cholinga chinali chitakwaniritsidwa kale: atsogoleri anathera nthawi m'ndende ndi m'makhoti, ndalama zomwe zikanagula chakudya cha mabanja zinapita ku belo ndi kwa maloya. Frick ndi akuluakulu ena a kampani nawonso anasumiridwa mlandu wakupha, koma sanazengedwe.

Chisanu chitayandikira, alebala ndi amakaniko anapempha kuti abwerere kuntchito, ndipo pa 20 November mamembala a bungwe omwe anatsala anavota, 101 kwa 91, kuti sitiraka ithe. Onani kuchepa kwa chiwerengerocho poyerekeza ndi anthu 800 a mu June.

Nangozo:
Pepani akuluakulu, ine ndine wophunzira ndipo ndikutsatira mwachidwi. Kusukulu dzina la Carnegie timalimva ngati la munthu wachifundo amene anamanga malaibulale ambiri. Iyeyo anali kuti pamene zonsezi zimachitika, ndipo ananenapo chiyani?

A Mbewe:
Funso labwino, chemwali. Carnegie anali ku Scotland, kwawo kobadwira, panyumba ina yakutali m'mphepete mwa nyanja ya Rannoch komwe atolankhani ankavutika kumupeza. Chimene chinapweteka anthu kwambiri n'chakuti mu 1886 iye mwini analemba poyera kuti ogwira ntchito ali ndi ufulu wokhala ndi mabungwe, ndipo anadzudzula mchitidwe wolemba anthu ena kuti atenge malo a onyanyala. Amisiri ambiri a ku Homestead ankakhulupirira kuti bwana wamkulu akamva zomwe Frick akuchita alowererapo. Anadikira pachabe.

Makalata ndi matelegalamu omwe anadzaoneka pambuyo pake akusonyeza kuti Carnegie asananyamuke anali atagwirizana kale ndi Frick kuti fakitale iziyenda popanda bungwe, ndipo anamutsimikizira kuti ali naye limodzi mpaka kumapeto. Kusiyana kwawo kunali pa njira chabe. Carnegie ankakonda kutseka fakitale n'kudikira kuti njala ibweze anthu, pomwe Frick ankafuna kuthana nazo msanga. Sitiraka itatha Frick anamulembera kuti aphunzitsa antchito awo phunziro lomwe sadzaiwala, ndipo Carnegie anayankha mokondwera.

Zoti anamanga malaibulale n'zoona, oposa 2,500 m'maiko osiyanasiyana, ndipo imodzi anaitsegula ku Homestead komweko mu 1898, yokhala ndi holo ya nyimbo ndi dziwe losambiramo. Koma ganizirani munthu wogwira ntchito maola 12 patsiku pafupi ndi ng'anjo, masiku asanu ndi awiri pasabata, yemwe pakatha masabata awiri aliwonse ankagwira maola 24 osapuma posinthana shifiti ya usana ndi ya usiku. Ameneyu buku akanaliwerenga nthawi yanji? Phindu la kampani linachoka pa madola pafupifupi 4 miliyoni mu 1892 kufika pa 40 miliyoni mu 1900. Ine sindikana kuti malaibulalewo anathandiza anthu ambiri, koma sindingawatchule osatchula komwe kunachokera ndalama.

A Mwale:
Moni nonse, ndikulemba kuchokera ku Johannesburg. Pali mbali ina yomwe sitinaikhudze, ndipo ikukhudza bungwe lenilenilo. Amalgamated linali bungwe la amisiri. Alebala ambiri a pafakitale anali obwera kumene kuchokera kum'mawa kwa Ulaya, monga Asilovaki ndi Ahangare, omwe ankagwira ntchito zolemetsa ndi zoopsa kwambiri pa malipiro otsika, ndipo bungwe silinkawalabadira. Anthu akuda nawonso ankakanidwa m'nthambi zambiri. Chodabwitsa n'chakuti alebala omwewo ananyanyala nawo ntchito miyezi yonseyi pa mkangano womwe sunkakhudza malipiro awo, ena mpaka kufa pamtsinje paja. Koma thumba la sitiraka linakonzedwera mamembala, ndipo osakhala mamembala ankadalira zopereka za anthu akufuna kwabwino. Kampani itafuna anthu atsopano inawapeza mosavuta, kuphatikizapo anthu akuda omwe bungwe linali litawatsekera khomo. Munthu amene munamukana dzulo simungamudzudzule lero kuti sakuima nanu.

Kunjira ina, makina anali akusintha. Ng'anjo zatsopano ndi makina opsinjira chitsulo zinkachepetsa kufunika kwa luso lomwe munthu ankaliphunzira zaka zambiri. Kale mmisiri akachoka ntchito inkaima. Mu 1892 kampani inaonetsa kuti ingathe kuphunzitsa anthu atsopano m'miyezi yochepa, ngakhale kuti poyamba chitsulo chambiri chinkaonongeka. Bungwe lodalira luso la anthu ochepa linalibe tsogolo m'fakitale yotere.

Ndikawerenga izi ndimakumbukira za ku Marikana kuno, komwe pa 16 August 2012 apolisi anapha anthu 34 ogwira ntchito pa mgodi wa Lonmin omwe ankafuna malipiro a R12,500. Sindikunena kuti nkhanizi n'zofanana, popeza kuno lamulo linkavomereza kale mabungwe. Kufanana kwake n'kwakuti oboola miyala, omwe amagwira ntchito yowawitsitsa, ankaona kuti bungwe lawo la ogwira ntchito m'migodi la NUM lawatalikira, ndipo chaka chotsatira bungwe lina lopikisana nalo, la AMCU, ndilo linakhala ndi mamembala ambiri pamgodipo. Bungwe likaiwala anthu apansi limakhala litadzikumbira dzenje lokha.

A Phiri:
A Mwale mwakhudza pomwe pali bala. Ndiloleni tsopano ndifike pa zotsatira, chifukwa sizinathere pa Homestead pokha.

Atsogoleri a sitiraka analembedwa pa mndandanda wa anthu osayenera kulembedwa ntchito m'fakitale iliyonse ya zitsulo. McLuckie, yemwe anali mkulu wa tauni, anakathera ku Mexico. Omwe anabwerera kuntchito ankafunsira malo mmodzimmodzi ngati alendo, malipiro a amisiri anadulidwa kwambiri, ndipo kampani inadzaza fakitale ndi akazitape moti munthu ankaopa kutchula za bungwe ngakhale kwa mnzake wogwira naye shifiti imodzi. Eni mafakitale ena ataona kuti Carnegie wapambana, nawonso anayamba kukana kusaina migwirizano. Mamembala a Amalgamated anatsika kuchoka pa 24,000 kufika pafupifupi 10,000 mu 1894.

Mu 1901 mpondamatiki wa zamabanki, J. P. Morgan, anagula kampani ya Carnegie pamtengo wa madola 480 miliyoni n'kuiphatikiza ndi ena kupanga United States Steel. Bungwe linayesa sitiraka chaka chomwecho ndipo linagonja, ndipo mu 1909 kampaniyo inalengeza kuti siikambirananso nalo m'mafakitale ochepa omwe linatsalamo. Mu September 1919 anthu pafupifupi 350,000 ananyanyala ntchito m'dziko lonse, ulendo uno alebala obwera ali patsogolo. Elbert Gary, mkulu wa US Steel, anakana ngakhale kukumana ndi atsogoleri awo. M'matauni a m'chigwa cha Monongahela misonkhano inaletsedwa, apolisi okwera pamahatchi ankabalalitsa anthu, manyuzipepala ankati onyanyalawo ndi achikomyunizimu, ndipo mu January 1920 sitiraka inatha popanda chomwe apeza. Ntchito ya maola 12 inadzathetsedwa mu 1923, osati chifukwa cha bungwe, koma chifukwa cha manyazi pamene mipingo, atolankhani ngakhalenso Pulezidenti Warren Harding anayamba kudzudzula.

Chinthu chimodzi chomwe chinasintha msanga ndi nkhani ya Pinkerton. Mu 1893 Nyumba ya Malamulo inaletsa boma la dziko lonse kulemba ntchito anthu a kampaniyi, ndipo zigawo zambiri zinaletsa kubweretsa alonda a mfuti ochokera kunja kwa chigawo. Koma eni mafakitale sanadandaule kwenikweni, chifukwa anali ataphunzira kuti asilikali a boma amagwira ntchitoyo bwino koposa, ndipo amalipidwa ndi msonkho wa anthu.

A Banda:
Zonsezi ndikuzimva, ndipo mfundo ya a Mwale ya makina ndi yolemera. Komabe sindikusuntha pa chinthu chimodzi. Mu 1919 panalibe mabwato otenthedwa, koma kwa zaka zambiri dzina la Homestead linkagwiritsidwa ntchito poopseza anthu kuti bungwe limabweretsa magazi. Chimene chinachitika pamsewu uja madzulo a 6 July chinapatsa adani a mabungwe nkhani yoti azinena kwa mbadwo wonse. Atsogoleri a ogwira ntchito ali ndi udindo wogwira khamu lawo ngakhale litaputidwa, chifukwa cholakwa chawo chimakumbukiridwa nthawi yaitali kuposa cholakwa cha bwana.

Mayi Nachisale:
Pa udindo wa atsogoleri sitikutsutsana, a Banda. Koma chitsanzo chanu cha 1919 chikuthandiza ine. Anthu aja sanatenthe bwato lililonse, anali ochuluka kuposa a 1892 kambirimbiri, anaphatikiza amisiri ndi alebala, koma anagonjabe. Ndiye chomwe chinkasowa sichinali ulemu wokha.

Onani chomwe chinachitika lamulo litasintha. Mu 1933 nduna ya zantchito, mayi Frances Perkins, anapita ku Homestead kukamva madandaulo a anthu. Mkulu wa tauni anawaletsa kulankhula ndi khamu lomwe linali panja pa holo, anawaletsanso kupaki, ndipo mayiwo anakachititsa msonkhano wawo ku positi ofesi chifukwa inali nyumba ya boma la dziko lonse. Ngati nduna inkaletsedwa kulankhula m'tauni imeneyi patapita zaka 41, ganizirani za munthu wamba. Mu 1935 kunabwera lamulo la Wagner, lomwe linati ogwira ntchito ali ndi ufulu wosankha bungwe, bwana ayenera kukambirana nalo, ndipo kuchotsa munthu chifukwa cha umembala ndi mlandu. Mu 1936 John L. Lewis, mtsogoleri wa bungwe la ogwira ntchito m'migodi, ndi anzake anakhazikitsa Steel Workers Organizing Committee pansi pa Philip Murray, yomwe inkalandira aliyense wogwira ntchito m'fakitale ya zitsulo mosayang'ana luso, mtundu kapena khungu, ndipo umodzi mwa misonkhano yake yoyamba unachitikira ku Homestead, anthu n'kupita kumanda a omwe anafa mu 1892. Mu March 1937 US Steel inasaina mgwirizano popanda sitiraka: madola 5 patsiku kwa wolandira zochepetsetsa, ndi maola 40 pasabata. Kampani yomweyo, mafakitale omwewo. Zomwe zinasintha ndi ziwiri, mbali yomwe boma linaima ndi kukula kwa khomo la bungwe.

A Mbewe:
Mayi Nachisale, ndionjezepo kuti ngakhale lamulo litabwera magazi sanasiye kukhetsedwa nthawi yomweyo. Makampani ang'onoang'ono monga Republic Steel, Bethlehem, Inland ndi Youngstown Sheet and Tube anakana kutsatira US Steel. Pa 30 May 1937, ogwira ntchito ndi mabanja awo ankayenda kulunjika kufakitale ya Republic ku South Chicago pamene apolisi anayamba kuombera, ndipo anthu 10 anafa, ambiri ataomberedwa kumsana kapena m'mbali akuthawa. Sitiraka imeneyonso inagonja. Kusiyana kwake ndi 1892 n'kwakuti ulendo uno panali kokadandaula. Komiti ya Nyumba ya Malamulo ya Senate yotsogoleredwa ndi Robert La Follette Jr. inafufuza n'kuonetsa kanema wa zomwe zinachitika, bungwe la boma loona za mikangano ya pantchito linalamula kuti ochotsedwa abwezeredwe pantchito, ndipo pofika 1941 ndi 1942 makampani omwewo anavomereza bungwe n'kusaina migwirizano. Mu May 1942 Steel Workers Organizing Committee ija inasanduka United Steelworkers of America, ndipo Amalgamated yakale inamezedwa mmenemo.

Kwa chemwali Nangozo ndi ena ofuna kudziwa za malowo lero: fakitale ya Homestead inatsekedwa mu 1986 pamene mafakitale a zitsulo ankagwa m'chigwa chonse cha Monongahela, ndipo pamalopo pali masitolo ndi malo odyera otchedwa The Waterfront. Nyumba yopopera madzi yomwe inali pafupi ndi doko pomwe mabwato anaima idakalipo, ndipo ndi malo okumbukira nkhondo ya 6 July.

Nangozo:
Zikomo kwambiri akuluakulu. Ndikufuna kumvetsa bwino chinthu chimodzi pa zomwe a Mwale ananena. Ngati Amalgamated ikanatsegula khomo kwa alebala ndi anthu akuda isanafike 1892, kodi ikanapambana ngakhale asilikali 8,500 atabwera?

A Mwale:
Pa Homestead pokha sindikukhulupirira kuti ikanapambana, chemwali, chifukwa alebala ananyanyala nawo kale ndipo fakitale inatsegulidwabe. Pomwe pakanasintha ndi m'mafakitale ena a Carnegie. Anthu a ku Beaver Falls ndi a m'mafakitale a Union Mills ku Pittsburgh ananyanyala pothandiza anzawo, a ku Duquesne anayesa kwa kanthawi kochepa, koma fakitale yaikulu ya Edgar Thomson ku Braddock, komwe Carnegie anali atathetsa kale bungwe zaka zingapo m'mbuyomo, inapitiriza kugwira ntchito nthawi yonseyi. Kampani inkapezabe ndalama kwina pamene mabanja a ku Homestead ankagulitsa katundu wa m'nyumba kuti adye. Bungwe lokhala ndi anthu m'mafakitale onse a kampaniyo likanatha kuimitsa Braddock tsiku lomwelo, ndipo Frick akanafunika asilikali m'matauni angapo nthawi imodzi, komanso anthu atsopano zikwi zambiri kuposa omwe anawapeza.